Felemu ya Mayi Ndinaonakale

Tsiku limene anthu anawaona koyamba mumsewu uno, anali atakwera pampando, mtengo wa tsache uli m'manja, akuphunzitsa mmisiri kupaka pulasitala. Munthu woti wamanga nyumba mpaka kumera imvi, apa anayambiranso sukulu.

"Pakaninso! Mukufuna anthu azindimva ndikamatsokomola?"

Anapaka. Anapakanso. Khoma linanenepa kuposa mwini wake, pamene mwini wakeyo si wochepa thupi ayi.

Onse amangowatchula Mayi Ndinaonakale, chifukwa pansi pano palibe chachilendo kwa iwo. Muwauze za matenda, anaona kale. Muwauze za ndege, anaona kale, chonsecho kukwera kwawo n'kwa minibasi. Moyo wawo wonse agulitsa kaunjika, ana analera okha, ndipo apakamwa amati malemu amuna awo anafa n'kutopa kuvomera.

Chimene chinkawasowetsa tulo ndi kabati yawo yagalasi, ya paukwati. Pomanga nyumbayi anakaisungitsa kwa mlamu wawo, mchemwali wa malemu. Mlamuyo anali ataikamo kale mbale zake, n'kumauza alendo kuti ndi katundu wa achimwene ake. Mayi anaona kuti ikakhalitsa kumeneko yapita. Analumbira pamsika ponse kuti chitseko chikangolowa, tsiku lomwelo kabati igona pabalaza pawo.

Tsono felemu imene anagula pamodzi ndi chitseko inali yopyapyala, khoma lili chinenepere. Panafunika kukhomerapo matabwa ena kuti ifanane ndi khomalo. Anaitana mkamwini wawo, kalipentala, mwamuna wa mwana wawo womaliza, munthu woti ngakhale nkhuku imuponde amapepesa ndi iye.

Anayeza, n'kunena maso ali pansi. "Amayi, chitsekochi chimatsegukira mkati. Ndiye felemu ikhale mbali ya mkati, matabwa owonjezerawa tikhome kunja."

"Kunja? Thabwa losalala chonchi likhale la mvula ndi agalu? Kwanu alendo amakhala panja?"

"Ayi amayi, kungoti chitseko chizidzagunda pa..."

"Bambo, zitseko ndinaona kale. Inu musanabadwe n'kuti ine ndikutsegula zitseko."

Mkamwini anayang'ana mkazi wake. Mkazi anayamba kuchita chidwi ndi denga. Basi, munthu uja anatola hamala. Kutsutsa apongozi n'kovuta kusiyana n'kuzula misomali.

Ntchito yokha anaigwira, tisaname. Felemu anaikankhira kunja monga analamulira eni nyumba, matabwa anapala mpaka kuterera, anapaka guluu, anawakhoma mbali ya mkati, timitu ta misomali n'kutibisa. Mayi ankasisita thabwalo ngati tsaya la mdzukulu. Atatsegula chitseko, chinayenda pang'ono n'kuti gu! pathabwa latsopano lija. Chinaima pomwepo, osakagona kukhoma, chogwirira chili tong'o panjira.

"Chikhala bwino chikazolowera," anatero Mayi.

Madzulo kabati inafika pangolo, amuna awiri akukankha, mlamu ali pambuyo ndi ambulera, ati kuperekeza. Ananyamula, kona inalowa, ina inakakamira pachitseko. Anaipendeketsa, galasi linalira. Anayesa chagada, yakana. Anthu apamsewu anabwera kudzathandiza ndi maso.

Mkamwini anayandikira n'kunong'ona. "Amayi, ndingomasula chitsekochi, ilowa bwinobwino."

Zinali zoona. Koma kumasula chitseko chatsopano mlamu akuona? Nkhani yake ikanafika kumsika iwo asanavale nsapato.

"Chitseko changa sichichoka. Chalakwa chiyani?"

Mlamu anamwetulira, kumwetulira kwa munthu amene wayamba kale kutsuka mbale zoti abwezeremo. "Musavutike mlamu. Ngati nyumbayi yachepa, ibwerere kwathu. Kuja inkakhala mwaulemu."

"Itsitseni pakhonde!" anakuwa Mayi. "Ngolo izipita."

Ngolo inapita yopanda kanthu, mlamu naye anapita milomo itatalika. Kabati anaifunditsa pepala lapulasitiki ndi zitenje ziwiri. Mvula nayo, yopanda ulemu kwa akuluakulu, inabwera chammbali.

Kutacha, miyendo ya kabati inali itafufuma ngati ya munthu wodwala, chitseko chimodzi chagalasi chikulendewera. Koma inali pakhomo pawo, osati kwa mlamu. M'nyumba munkamveka kulira kwa misomali, mkamwini akuzula ntchito yake yadzulo mwakachetechete ngati wakuba. Azimayi oyandikana nawo anaima pampanda ndi zidebe zawo, ati kudzapereka moni.

"Mwadzuka bwanji amayi? Kabati yagona panja kodi?"

Mayi anamanga chitenje bwinobwino, n'kuwayang'ana mmodzimmodzi.

"Nanga ikanagona kuti? Chinthu chochokera kwa mlamu wanga chingolowa m'nyumba yatsopano chosasamba? Mphemvu zake mukuzidziwa inu? Ndachita kuisiyira dala mvula. Za phokosolo musadabwe, ndi mkamwini wanga akukonza zimene analakwitsa. Ana a masiku ano, kuwauza kuti thabwa likhale kunja, samva."