Tsiku Limene Anatitsekera Ndodo

Fungo la mawere limandikumbutsabe kachipinda kosungiramo zakudya ku nyumba ya ana ya boma kumene ndinakulira, ku Chitipa. Mayi anga anandisiya pakhomo pamenepo ndili ndi zaka zinayi, miyendo yanga itapuwala, ndipo sanabwerenso. M'kachipinda kameneko ndi momwe a Matironi, mayi amene ankatiyang'anira, ankatsekeramo ndodo zathu zoyendera.

Chaka chimene ndinakwanitsa zaka khumi, chisanu chinabwera msanga. Mphepo yochokera ku mapiri a Mafinga inkalowera m'mawindo osweka, milomo n'kumang'ambika, ndipo tinkagona atatuatatu m'bulangete limodzi lobooka. Koma ine mtima unali m'malo, chifukwa kalipentala wina wa ku Wenya anali atandisemera ndodo ziwiri. Kwa nthawi yoyamba ndinkaona anthu kumaso, osati m'mawondo.

Kenaka tinamva kuti kukubwera alendo ndi mabulangete. M'mawa wa tsikulo a Matironi anatolera ndodo zonse n'kuzikhomera ndi loko.

"Lero mukwawa, wana wane," anatero. "Munthu amapatsa amene wamumvetsa chisoni. Ukaimirira, bulangete likudutsa."

Ndinapsa mtima mpaka makutu kutentha. Miyezi itatu ndikugwa n'kudzuka, zikhatho zili matuza okhaokha, ndiye ndibwererenso m'fumbi kuti alendo apeze chopukutira misozi? Galimoto itaima, anzanga anayamba kukwawa pabwalo akuimba nyimbo yolandirira alendo. Ine ndinakwawira kuseri kwa khitchini n'kutenga mipini iwiri ya makasu.

Ndinatulukira ndili chilili, nditatsamira mipiniyo, ndikunjenjemera ngati kamwana ka mbuzi kongobadwa kumene. A Matironi ananditong'olera maso, ine osawalabadira. Mmodzi mwa alendowo, mayi wovala magalasi, anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, nati, "Uyu ndiye ali bwino," n'kupitirira. Mabulangete anathera kwa okwawa. Chisanu chonsecho ndinkafunda thumba lakale la mawere, mano akugundana, koma sindinapepese kwa munthu.

Nthawi imeneyo ndinkati a Matironi ndi munthu wouma mtima, wodana n'zoti ndiziyenda. Lero ndikudziwa kuti ankapempha ndi zimene anali nazo, ndipo zimene anali nazo tinali ifeyo. Ndinawakhululukira kalekale. Koma mutandibwezera pabwalo lija lero, bulangete lili m'manja mwanu, mungandipezenso nditaimirira.