Manja a pa TV

Chaka chomwe ndinabwerako ku Lusaka wopanda ntchito, pa TV ankatsatsa sopo wina waufa. Nkhope sinkaoneka ayi, ankangoonetsa manja a mkazi akuviika malaya akuda bii m'beseni n'kuwavuula ali mbee, tinyenyezi tikuthwanima pa kolala. Amayi atandifunsa zomwe ndinkachita ku Lusaka miyezi yonse ija, manyazi anandigwira, ndipo ndinangoloza TV. "Manja aya ni yanga," ndinatero.

Ndinkayesa zithera pomwepo. Koma sopoyo akangooneka, amayi ankathamangira kumpanda kukaitana mnzawo woyandikana nafe. "Ba Mutinta, bwelani muone manja ya mwana wanga!" Azimayi ankadzaza pabalaza n'kumandigwira zala ngati akusankha tomato, ine ndikungomwetulira ngati chitsiru. Chomwe chimandiwawabe n'chakuti amayi anasiya sopo wawo wamtanda, n'kumayenda mpaka kutauni, ku Mosi-oa-Tunya Road, kukagula waufayo, chikhalirecho ankawang'amba khungu la m'manja. Ming'alu ija ndinkaiona tsiku ndi tsiku, koma boza langa ndinapitiriza nalo.

Patapita zaka, tikuchapa limodzi kuseri kwa nyumba, ndinaulula. Amayi sanasiye n'komwe kufinya chitenje chawo.

"Nenze kuziba," anatero. "Uja wa pa TV alibe chipsela cha mbaula pa chala monga iwe. Koma unabwela nkhope yakugwa, sinenze kufuna bakuseke mu komboni."

"Nanga sopo uja, amayi?"

Anayang'ana manja awo a ming'alu aja, n'kuseka. "Boza yako yenze kubaba, mwana wanga. Koma yenze kuchapa bwino."