Matepi a mayi a ku Spain

Chaka changa chachiwiri ku Croydon, mumzinda wa London, ndinkagwira ntchito kunyumba yosamalirako okalamba. Mwana wanga wamkazi ndinali nditamusiya ku Zomba kwa achemwali anga, asanayambe n'komwe sukulu. Anthu oyankhula nawo anali a kuntchito basi, ndipo nkhani zake zinali za mankhwala ndi matewera.

M'chipinda chakumapeto munkakhala mayi ena a ku Spain. Anabwera ku London atangokwatiwa, koma matenda oiwalaiwala anawalanda Chingerezi chonse n'kuwasiyira chiyankhulo cha kwawo. Panalibe wowamva. Ankangokhala duu, maso kukhoma.

Mwana wawo wamwamuna, bambo wa imvi kale, anabweretsa katoni ya matepi a mafilimu akale a kwawo, nandipempha kuti ndiziwaikira masana akatha kudya. Mafilimu ake anali a misozi yokhayokha: mkazi wothawidwa ndi mwamuna, woimba wofera chikondi, mayi wolandidwa mwana. Poyamba ndinkaseka chamumtima, poti ngakhale pamaliro kwathu salira chonchija. Tsiku lina ndinawauza bambowo zimenezo.

"Nthawi imeneyo kwathu kunali ulamuliro wankhanza," anatero. "Mlongo wawo wa amayiwa anatengedwa ndi asilikali, osabwerako. Kumulira poyera kunali koopsa. Ndiye ankapita ku kanema n'kukamulirira kumeneko, mumdima, pamodzi ndi anzawo."

Sindinafunse zambiri. Ndinakula nthawi ya chipani chimodzi, zoterezi ndinkazidziwa.

Masana ena ndinaika filimu ya mayi amene anasiya khanda pakhomo la masisitere n'kupita kukafuna ntchito mumzinda. Atabwerako, mwanayo anamuyang'ana ngati mlendo. M'mawa wa tsikulo mwana wanga anali atakana kubwera pa foni. Ndinamumva akuuza achemwali kuti akusewera. Ndinali ndi mapilo m'manja, koma ndinangopezeka ndakhala pampando, misozi ili chuchuchu. Mayi aja anandigwira dzanja n'kuyamba kundiyankhula motsitsa, kwa nthawi yaitali. Sindinamvepo liwu ndi limodzi lomwe. Nanenso ndinawayankha m'Chichewa, ndinawauza zonse, iwo akugwedeza mutu.

Anamwalira m'nyengo yozizira, ine ndili pa ofu. Pobwerera ndinapeza m'chipindamo mwalowa kale bambo ena okonda mpikisano wa mahatchi. Mwana wa mayi aja sindinamuonenso. Nditaweruka ndinakwera tiramu, kasitima ka mumzinda, ndinapitirira siteji yanga dala, mpaka kumene njanji imathera.