Buluku Loyera la ku Lifuwu

Ndinaphunzira kumenya theche ndili ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi, m'shedi yosungiramo mpunga ku Lifuwu, nditavala chitenje. Amene sanayeserepo asaseke. Mwendo umafuna kukwera, chitenje chikukana, ndiye umangozindikira uli pansi, mankhusu ali m'kamwa.

Mphunzitsi wanga anali mayi wa ku Jeremani amene anabwera kudzagwira ntchito pachipatala chaching'ono cha kumeneko. Ankawongola miyendo ya ana opuwala ndi poliyo. Ine ndinali nditangomaliza Fomu 4, ndikungokhala pakhomo, choncho ananditenga kuti ndiziwamasulira. Tonse tinkangowatchula kuti Asisitala. Chichewa chawo chinali chomvetsa chisoni. Atadzudzulidwa kuti akuluakulu sawanena kuti iwe, anayamba kupereka ulemu kwa aliyense, mpaka galu wa mlonda ankamuuza kuti, "Chokani apa, chonde."

Tsiku lina masana ndinawapeza m'shedi muja akumenya thumba la mankhusu lomwe analipachika kudenga. Phazi lawo linkafika pamene ine ndikanafika ndi dzanja. Ndinafunsa ngati inali karate, poti ndi yokhayo tinkaimva. Anakwiya. Anati imeneyo ndi tayikwondo, masewero omenyana makamaka ndi miyendo, ndipo ndisadzabwerezenso. Kenako anandiuza kuti ndiyese. Ndinagwa katatu tsiku limenelo, koma mawa lake ndinabweranso.

Patapita miyezi ingapo anandionetsa kachitini ka mabisiketi momwe ankasungamo mamendulo awo. Anati anayamba ali ndi zaka khumi ndi zinayi, ali mtsikana yekha m'holo yodzaza anyamata. Anamenya m'mipikisano zaka zisanu ndi zinayi, akumayenda pasitima tawuni ndi tawuni, Lolemba n'kubwerera kusukulu ya unamwino ndi zikhatho zotupa. Kawiri konse anafika mundime yomaliza ya mpikisano wa dziko lawo lonse, ndipo kawiri konseko anagonja kwa mkazi mmodzi yemweyo, wamfupi, womenya ndi mwendo wamanzere. Ulendo wachitatu anakonzeka chaka chathunthu kuti athane naye, koma bondo linathyoka asanakumane. Mendulo yagolide ya dziko lonse munalibe m'chitinimo. Mkazi wamfupiyo ankamutchula pafupipafupi, mokwiya komanso momusirira, ngati mkazi mnzawo wapamitala.

Chifukwa cha mkazi ameneyo, ine ndinazunzika ndi mwendo wamanzere. Wamanja ndinkamenya makumi awiri, wamanzere makumi asanu. Ndikadandaula ankangoti, "Mukulira chiyani inu? Menyani."

Chaka chitatha kunabwera uthenga woti makalabu a ku Lilongwe adzachita mpikisano m'holo ya pa boma ku Salima. Opikisana onse anali amuna, kupatulapo mtsikana mmodzi wachizungu, mwana wa bwana wina wa ku Lilongweko, yemwe analibe womenyana naye. Asisitala anapereka dzina langa asanandifunse n'komwe. Nditamva, mtima unadumpha ndi chimwemwe, kenako unatsika. Tayikwondo ya mpikisano samenya ndi chitenje. Amavala buluku loyera.

Ana a masiku ano sangamvetse. Nthawi imeneyo dziko linali la chipani chimodzi, ndipo mkazi sankaloledwa kuvala buluku pagulu. Achinyamata a chipani ankatha kukugwira pamsika, n'kukuchititsa manyazi anthu akuona. Azungu nthawi zina ankawalekerera, koma ife ayi. Ndipo ine ndinali mwana wa ahedi. Bambo anga anabwera ku Lifuwu kuchokera ku Dedza, atadikira zaka zambiri kuti apatsidwe sukulu yawoyawo. Aliyense ankadziwa kuti wantchito wa boma akanenedwa zoipa kwa akuluakulu a chipani, udindo umatha ngati mchere m'madzi.

Asisitala anabwera kunyumba kudzawapempha. Anafotokoza kuti anafunsa bwino, lamulo limalola buluku pamasewero. Bambo anawamvetsera mpaka kumapeto, monga ankachitira ndi makolo a ana.

"Mayi," anatero bambo, "lamulolo lili m'buku. Koma amene amagwira anthuwo sayenda ndi buku. Inu zikavuta mukwera ndege. Ine ndikwera chiyani?"

Mlendo atapita ananditembenukira. "Sindikuloleza. Wamva?"

Ndinati ndamva, ndipo sindinaname, ndinamvadi. Koma ndinakwiya kwambiri moti masiku atatu ndinkangowapatsa madzi osamba osawayang'ana kumaso. Ndinkawaona ngati munthu wamantha. Lero ndikakumbukira maganizo amenewo ndimachita manyazi.

Amayi anga anangotsegula sutikesi, n'kutulutsa shiti yoyera imene ankasungira alendo, n'kuiika pabedi langa. Ndinapita nayo kwa telala wina wachikulire, Msilamu, amene ankasoka pakhonde la golosale. Nditamufotokozera anaimitsa makina.

"Astaghafirullah! Mwana iwe, ukufuna andimange ine?"

Ndinati ngati sangathe ndipita kwa telala wa ku Chipoka, poti ndamva kuti iye ndiye katswiri wa mabuluku. Apo ndinamugwira pabwino.

"Wa ku Chipoka? Uja amasoka mwendo wina kutalika? Bweretsa kuno nsaluyo."

Kundiyeza miyendo anakana, anati si mwambo wake kugwira mwana wamkazi wa eni. Anandipatsa tepi kuti ndikadziyeze ndekha kuseri kwa chitseko, ndizifuula manambala. Wina aliyense wofunsa ankamuuza kuti akusoka zovala za odwala a kuchipatala. Bulukulo linatuluka lokongola, lotakasuka pakati, loti mwendo uzikwera mmene ukufunira.

Loweruka la mpikisanolo ndinanyamuka m'mawa pa galimoto ya chipatala, buluku lili mkati nditalipinda mpaka m'mawondo, chitenje pamwamba. Bambo ndinawasiya akupalira maluwa kutsogolo kwa ofesi yawo. Sanandifunse kumene ndinkapita.

Holo inali yodzaza. Kutsogolo kunali tebulo la alendo, ndipo pakati panakhala wapampando wa chipani wa deralo, achinyamata ake ataima kumbuyo kwake. Amuna anamenyana, anthu akukuwa. Kenako anaitana ife. Mtsikana wachizungu uja analowa ndi buluku lake, palibe anatsokomola. Ine ndinaima m'mphepete mwa bwalo, manja ali pa mfundo ya chitenje. Asisitala anandiyang'ana, ndipo kwa nthawi yoyamba sanandilamule kanthu. Ndinamasula chitenje, n'kutsitsa miyendo ya buluku.

Phokoso lonse linatha. Wapampando anakweza dzanja, woyimbira masewero n'kuima.

"Kodi ameneyu ndi mwana wa ndani?"

Anthu a ku Lifuwu analipo angapo, ondidziwa bwino, koma onse anaweramitsa mitu. Ndinaganiza kuti ndikangokhala chete, mwina dzina la bambo silituluka. Wapampando anafunsanso, mokweza.

Kumbuyo kwenikweni, pafupi ndi chitseko, benchi inalira. Ndinacheuka. Anali bambo anga, atavala jekete lawo la kutchalitchi, miyendo ya buluku lawo idakali yomanga ndi timalamba tapanjinga. Anali atapalasa ulendo wonse uja kuchokera ku Lifuwu.

"Ndi wanga, bwana," anatero. Anatchula dzina lawo lonse ndi dzina la sukulu yawo, mmene ankachitira pamsonkhano wa makolo. "Wavala zamasewero. Akamaliza avala chitenje chake."

Wapampando anawayang'ana nthawi yaitali. Kenako anauza wachinyamata wina kuti alembe dzinalo, n'kutsitsa dzanja. Ndikhulupirira kuti sanafune kuchita zambiri pamaso pa azungu.

Za nkhondoyo ndimakumbukira pang'ono. Mtsikanayo anali wamtali, wodziwa, ndipo m'chigawo choyamba anandimenya m'nthiti kawiri ndisanadziwe kumene phazi lachokera. Popuma Asisitala anandipukuta nkhope n'kunena kuti, "Akuyang'ana mwendo wanu wamanja basi." M'chigawo chomaliza ndinanamizira kukweza wamanja, iye anatsitsa mkono kuti atchinge, ndipo wamanzere unakamupeza pachifuwa mpaka anakhala pansi. Holo inaphulika. Azimayi ogulitsa zitumbuwa pakhomo anaimba nthungululu, kuiwala zoti kutsogolo kuli ndani. Ndinapambana ndi pointi imodzi. Asisitala analira misozi poyera, akulankhula chikwawo, ndipo ndikuganiza kuti m'mutu mwawo munali mkazi wamfupi uja. Ndinanyada tsiku limenelo, ndipo mpaka lero ndimanyada.

Nditavala chitenje ndinatuluka kukafuna bambo, koma anali atanyamuka kale. Kunyumba sitinakambe za nkhaniyo. Sabata yoyamba inatha, yachiwiri inatha, ndinayamba kuganiza kuti achipani aiwala.

Sabata yachitatu kalata inabwera. Bambo anawasamutsira ku kasukulu kena kuseri kwa Chitala, kopanda nyumba ya malata, ngati mphunzitsi wamba. Chifukwa sanalembe. Asisitala anafuna kupita kukadandaula, koma bambo anawaletsa, anati azingowonjezera moto. Telala uja anabwera kudzatsanzikana nafe, atanyamula nsomba zouma m'pepala, osayang'ana munthu kumaso.

Tsiku losamuka tinakwera pamwamba pa lole, pakati pa mipando ndi matumba a mpunga. Amayi anakhala kutsogolo ndi dalaivala. Tinadutsa minda ya mpunga, tinadutsa shedi ija, sukulu yawo ikucheperachepera kumbuyo. Bambo ankaiyang'ana osaphethira. Pamenepo mtima unandipweteka kuposa nthiti zija.

"Ababa, pepani," ndinatero. "Mukanangokhala chete. Sakanadziwa kuti ndine wanu."

Anakonza kaye chingwe chomangira njinga yawo.

"Munthu uja anafunsa funso losavuta," anatero. "Ine zaka zonsezi ndakhala ndikuuza ana a eni kuti ukadziwa yankho, uziimirira n'kuyankha. Ndiye andifunse kuti iwe ndiwe mwana wa ndani, ine ndikhale pansi?"

Uhedi sanaupezenso mpaka anapuma ntchito.