Mmene Mwana Wanga Anatchedwera Singano

Mwana wanga woyamba kukhala ndi moyo anabadwa kwa Kaphuka m'nyengo ya chisanu, amuna asanayambe kutengedwa kukasenza katundu wa asilikali pa nkhondo ya Azungu ija. Ine ndinali mkamwini m'mudzimo. Kwathu kunali kuseri kwa Chongoni, kwa Angoni amene analowa Chikhristu msanga, ndipo bambo anga ankalalikira m'midzi. Kwawo kwa mkazi wanga kunali kwa Achewa, amuna onse olowa gule. Ine ankandiona ngati munthu wabwino ndithu, koma wosakhwima.

Tinali titaika kale m'manda ana awiri, onse asanamere mano. Choncho mkazi wanga ataimanso, palibe anasangalala mokweza. Ndipo mwanayo anabwera miyezi isanakwane, m'mawa wina wa nkhungu, mphepo ikuboola zipupa.

Mwamuna salowa m'chikuta, ndiye ine ndinakhala kuseri kwa nkhokwe, manja m'khwapa. Kenaka kunabwera alamu anga aakazi, akulu ake a mkazi wanga.

"Alamu, ndi wamkazi," anatero. "Koma mtima muugwire. Nkochepa ngati kambewa."

"Kakulira?"

"Kakulira, koma mawu ake ngati a mwanapiye. Vuto ndi chisanuchi. Chiwondo chikumukanda, nguwo ya mbuzi nayo yauma gwa."

Masiku amenewo nsalu inali yosowa. Anthu ambiri m'mudzimo ankavala chiwondo, chija chosula ku khungwa la mtengo, ena zikopa. Ine ndinali ndi malaya amodzi oyera amene bambo anandipatsa tsiku la ukwati, ovala popita ku mapemphero basi. Ndinalinso ndi singano yachitsulo, imene ndinasinthanitsa ndi nkhuku kwa Mmwenye wa ku Boma. Kusoka ndinaphunzira ku sukulu ya mishoni, ndipo singanoyo ndinkaisunga m'kabango kotseka ndi chitsononkho.

Ndinalowa m'nyumba nkutenga malaya aja. Ndinawang'amba. Ndinasolola ulusi m'mphepete mwa nsalu yomweyo, ndinaipinda pawiri, pakati ndinaikapo nthenga zofewa za kumimba kwa nkhuku, ndipo ndinasoka kathumba kotsekula kumutu. Dzuwa lisanafike paliwombo alamu anga anali atalowa nako m'chikuta.

Tsono apongozi anga aakazi anali munthu wamwambo kwambiri. Chikwatirireni mwana wawo anali asanandiyankhulepo. Tikakumana m'njira ankapatukira m'udzu, ine nkupatukiranso kwina, tonse kumaomba m'manja chobisala. Madzulo a tsiku limenelo ndinamva mapazi kuseri kwina kwa nkhokwe. Apongoziwo anakhala pansi atandifulatira, nayamba kuyankhula ndi nkhuku imene inkapalasa pamenepo.

"Nkhuku iwe, ukawauze eni singano kuti mwana wagona, wasiya kunjenjemera."

Ine ndinaomba m'manja.

"Ukawauzenso kuti msoko wa m'khosi ngolimba, akonze. Asaganize kuti akusokera mfumu."

Ndinakonza msokowo. Kuyambira pamenepo nkhuku ija inkabwera ndi uthenga m'mawa uliwonse: lero wayamwa, lero watsegula maso, lero wakodzera alamu anu.

Mchombo utagwa, inafika nkhani ya dzina. Bambo anga anabwera wapansi kudutsa m'phiri pamodzi ndi azakhali anga, atanyamula tambala ndi dzina la m'buku la Mulungu. Atsibweni ake a mkazi wanga, eni mbumba, anali nalonso lawo. Iwo ankafuna dzina lonyoza, la manda kapena la dothi, monga ankachitira makolo ana akamafa motsatizana, kuti imfa ione ngati mwanayo ndi wotayidwa kale, imupitirire.

Tinakhala pansi pa mtengo wa msuku. Poyamba zinayenda mwaulemu, kufunsana za mvula ndi za mbatata. Kenaka bambo anati, "Mwana ndi mphatso. Mphatso sungaitchule dothi."

Atsibweni ananunkhiza fodya wawo, nkuyetsemula, nkunena pang'onopang'ono kuti, "Awiri aja munawatcha maina a m'buku lanu. Ali kuti lero?"

Bambo anaweramitsa mutu, chifukwa ana ajawo anawalira kwambiri, ndipo atsibweni nawo anaoneka kuti mawu awatuluka olemera kuposa mmene ankafunira. Ine mkamwini ndinalibe gawo pa nkhani ya dzina. Ndinkangojambula pansi ndi kamtengo.

Amene anatiombola ndi mkazi wanga. Anali atakhala pakhomo, wofooka, mwana ali pamiyendo. Sanali munthu woyankhula pagulu, koma tsiku limenelo anagwada nati, "Pepani akuluakulu. Mwanayu ife m'chikutamu takhala tikumuitana kale, ndipo akamva amatembenuka."

"Mumamuitana chiyani?" anafunsa azakhali.

"Singano."

Anafotokoza kuti anayambitsa ndi amayi ake. Poyamba ankati mwana wa eni singano, pozemba kunditchula ine mkamwini wawo. Kenaka pomusambitsa ankaseka timiyendo take kuti kamwanaka nkasingano ndithu, mpaka amayi onse olowa m'chikutamo anazolowera.

Atsibweni anayamba kuseka, mapewa akugwedezeka. "Singano ikagwa m'fumbi, ndani amaipeza? Isiyeni imfayo ifunefune mpaka itope. Ine ndavomera."

Bambo anapempha kuti amunyamule mwana. Atamulandira anayang'anitsitsa kathumba kaja, chala chawo chikutsata msoko, mpaka anapeza batani limodzi limene ndinalisiya pachifuwa. Anandiyang'ana ine, amene ndinali nditafunda chikopa ngati mnyamata wa ku ng'ombe. Ndinkayembekeza kuti andikalipira, pakuti malaya amenewo anawavutikira. Koma anangoti, "Malaya aja apeza mwini wake." Ndipo anamuyang'ana mwanayo kumaso namuitana, "Singano, mwadzuka bwanji amayi?"

Tambala uja anaphedwa tsiku lomwelo, Mngoni ndi Mchewa nkudyera m'mbale imodzi. Pobatizidwa anampatsa ndithu dzina la m'buku lija limene bambo anabwera nalo, koma linatsalira m'tchalitchi momwemo. Ngakhale bambo enieniwo sindinawamvepo akulitchula.

Dzinali linali lachilendo. Singano yeniyeniyo inali chinthu chatsopano m'midzi yathu, ndipo palibe anali atamvapo mwana wamkazi wotchedwa choncho. Amayi a m'midzi yoyandikana ankabwera ku chitsime chathu kudzangofunsa ngati zinali zoona. Ena ankati tikumutemberera kuti adzakhale wa lilime lobaya. Mkazi wanga ankangowayankha kuti, "Bola akhale ndi moyo, azitibaya."

Anakhaladi ndi moyo, ndipo pambuyo pake panabwera ena anayi. Chodabwitsa nchakuti atangosiya kuyamwa anayamba kukula ngati dzungu la pachulu. Pofika pa unamwali anali wamtali kuposa ine, wamapewa otambalala, wosenza dengu la mbatata limene anyamata awiri ankalikokerana. Akamasinja, mudzi wonse unkadziwa kuti mtondo umenewo uli ndi ndani.

Atapezeka mnyamata wa ku Mphunzi womufuna ukwati, amalume ake a mnyamatayo anabwera kudzaona mbeta. Anali nkhalamba yaifupi, yoseketsa. Atakhala pamphasa, anayang'ana atsikana amene ankadutsa pabwalo, nkuloza kamtsikana kena koonda, kamng'ono kake ka mwana wangayo.

"Singanoyo ndi ameneyu eti?"

"Iyayi," ndinatero, "ndi uyo akubwera ndi mtsukoyo."

Nkhalamba ija inayang'ana kuyambira kumapazi, mutu ukunka nukwera mpaka chipewa chinagwa. "Kalanga ine! Bambo, munatinamiza. Uyu si singano, uyu ndi munsi!"

Mwana wanga anatula mtsuko, anagwada mwaulemu wake wonse, nawapatsa madzi m'chikho. Atamwa, iye anati chapansipansi, "Agogo, mukawauze kwanuko kuti asadere nkhawa. Ndikagwa m'fumbi sadzavutika kundifuna."

Nkhalamba ija inaseka mpaka kutsamwa madzi, ndipo ukwati unamangidwa chaka chomwecho titakolola.