Dzanja la Patsaya

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri chaka chimene achemwali anga a Linesi, mwana wa amalume, anakwatiwa kwathu ku Nazombe. Apo n'kuti nditazolowera kale kuyenda ndi dzanja limodzi. Linalo, lamanzere, linali ndi ntchito yake yophimba tsaya.

Chipsera chimenechi ndinachipeza ndikukwawa. Akuti ndinakoka mphika wa phala pamafuwa, phalalo n'kunditsikira kuchokera pansi pa diso mpaka kuchibwano. Ululu wake sindiukumbukira, koma maso a anthu ndimawakumbukira bwino. Kusukulu ankanditcha Nkhoko, zija zotsalira pansi pa mphika. Mayi ankathyola tiyi ku Mulanje ndipo ankabwera mwa apo ndi apo, choncho wondifunsa kuti ndaswera bwanji panalibe. Pochokera kusukulu ndinkayenda ndekha, kudzera m'minda ya nandolo.

Ukwati utayandikira, anasankha atsikana asanu ndi mmodzi ovina masitepe patsogolo pa mkwatibwi, ine ndili m'gulumo. Ndisaname, ndinkavina! Milungu itatu tinkaphunzira pabwalo la tchalitchi, ndipo nthawi yokhayo ndi imene dzanja langa linkaiwala tsaya. Kutatsala masiku atatu, kunabwera mayi wina wa ku Limbe ndi madiresi athu. Anatiimika pamzere, kutiyang'ana mmodzimmodzi. Atafika pa ine anatembenukira kwa akazi a amalume.

"Aka kachoke. Pavidiyo sikadzaoneka bwino."

Anayankhula ine ndili pomwepo, ngati akunena za mbuzi. Palibe anatsutsa. Diresi langa anapatsa mtsikana wina amene ankasokoneza mwendo wamanja ndi wamanzere. Zinandipweteka kwambiri, moti ndinalumbira kuti pa ukwatiwo, ngakhalenso pagulu lililonse, nkhope yanga sidzaonekanso.

Tsiku la ukwati ndinakabisala kuseri kwa khitchini. Kumeneko ndinapeza mkulu wawo wa mayi anga, a Esinati, amene tinkawatcha mayi aakulu. Ankasonkhezera kalongonda, nyemba zathu zija zofuna kuwiritsa tsiku lathunthu n'kumataya madzi ake akuda, apo ayi zimazunguza mutu. Mayi aakulu anali ndi chotupa pakhosi, kukula ngati peyala. Amuna awo anawasiya kalekale, ankakhala okha. Koma m'malo mokulunga khosilo ndi mpango, iwo ankavala mikanda yofiira ndi yachikasu pamwamba penipeni pa chotupacho. Akamadutsa pamsika wa Chiringa, dengu lili pamutu, amuna ankasiya bawo n'kuwapatsa moni, iwo n'kumayankha ndi chiseko chomveka kutsidya kwa msewu. Ine ndinkaganiza kuti mwina sadziwa mmene amaonekera.

"Tandipatsa chipande icho," anatero osandiyang'ana.

Ndinawapatsa ndi dzanja lamanja. Sanalandire.

"Iwe, ukundipatsa ine kapena ukuponyera galu? Linalo lili kuti?"

Atatembenuka anaona pamene linali. Anandiyang'ana nthawi yaitali, utsi ukuwalowa m'maso.

"Wafa ndani?"

"Palibe, mayi."

"Palibe? Nanga tsaya wagwirira chiyani? Kwathu kuno wogwira tsaya ndi wofedwa. Ine ndakhala ndikukuona zaka zonsezi, ndimvekere mwana uyu maliro ake satha. Ndiuze, ndikhuze nawo."

Ndinalira. Ndinawauza za mayi wa ku Limbe, za vidiyo, za dzina la Nkhoko. Ndinkayembekezera kuti anena zimene akuluakulu amanena, zakuti ndine wokongola ndithu. Sananene zimenezo. Anatukwana pang'ono m'Chilomwe, monga ankachitira akapsa mtima, kenaka anagwira mikanda yawo.

"Ukuyesa ine galasi ndilibe? Ndili nalo. Anthu adzayang'ana basi, ufune usafune. Ndiye ine ndinati, poti akuyang'ana, apezepo mikanda."

Anapakula kalongonda m'beseni lalikulu la malata, lodzaza mpaka m'milomo, n'kundiloza nalo.

"Kapereke kwa akuchimuna, pansi pa mango paja. Ukataya ndikukwapula."

Besenilo silinali lonyamula ndi dzanja limodzi. Ndinayesa kulisenza pamutu, koma linali lotentha ndipo nkhata anandimana dala. Ndinalinyamula ndi manja awiri, nsanza zili m'mbali, ndipo tsaya langa linamva mphepo. Kuchokera kukhitchini kukafika pamtengo wa mango sipatali, koma tsiku limenelo ndinayenda ulendo. Ndinadutsa pakati pa bwalo, pomwe anzanga asanu aja anaima ndi madiresi awo obiriwira, wachisanu ndi chimodzi atavala langa. Wojambula vidiyo anatsitsa makina ake kuti ndidutse. Msuzi unkandiotcha zala.

Nditafika ndinagwada n'kutula beseni. Mayi wina wa kuchimuna anali atatong'olera maso patsaya langa, osaphethira. Dzanja langa linayamba kukwera lokha. Ndinaligwira ndi linzake, n'kuwomba m'manja mwaulemu.

"Mwaswera bwanji, mayi?"

Anadzidzimuka. Anayankha moni uja akuyang'ana pansi. Aka kanali koyamba m'moyo wanga kuti wina agwetse maso, osati ine.

Palibe anandiwombera m'manja, ndipo diresi silinabwerere. Nyimbo ya masitepe inayamba ndikubwerera kukhitchini, mapazi anga akudziwa sitepe iliyonse, ndipo mtima unandiwawa ndithu. Mayi aakulu sanandiyamikire. Anangoti, "Tenga lina." Tsiku limenelo ndinadutsa pabwalo paja kasanu.

Lero ndimaphunzitsa sitandade 6, ndipo ndimaima kutsogolo kwa ana tsiku lililonse, choko kudzanja ili, buku kudzanja linalo. Ana atsopano amayang'ana sabata yoyamba, kenaka amatopa. Masiku ena osungulumwa alipobe, sindikana.

Mayi aakulu anamwalira chaka chatha, m'nyumba mwawo momwe ankakhala okha. Posambitsa thupi, amayi ena anafuna kuwakulunga khosi ndi nsalu yoyera kuti chotupa chisaoneke. Ndinakana, n'kuwaveka mikanda yawo. Nditatuluka ndinakakhala pakhonde, ndipo ndinazindikira kuti dzanja langa lili patsaya. Ndinalisiya pomwepo, poti ulendo uno wakufa analipo. Pamenepo m'pamene ndinapeza yankho la funso lawo lija. Amene ndinkamulira zaka zonse za ubwana wanga ndinali ine ndemwe, ndili moyo.