Biya wa a Tsisana pa Phwando la Elguja

A Tsisana Kurdadze amagulitsa tchizi pa benchi yoyandikana ndi yanga mumsika wa ku Kutaisi. Ine ndimagulitsa mtedza ndi zokometsera ndiwo. Zinanditengera zaka ziwiri kuti ndidziwe zoti manja odula tchiziwo analembapo filimu.

Ali ndi zaka 26, analemba nkhani ya mayi awo, omwe ankathyola tiyi ku Guria. Masamba 94, pa taipi yobwereka. Anapatsa mnzawo wa m'kalasi, Elguja, kuti awaonereko. Chaka chotsatira filimu inatuluka ndi mawu akuti: wolemba ndi wotsogolera, Elguja. Dzina la a Tsisana munalibe, ngakhale kumunsi kwa mayina a madalaivala. Elguja anajambula mafilimu ena asanu ndi awiri. A Tsisana ankangosunga mafayilo pakampani yopanga mafilimuwo, ndipo itagwa anabwera kumsika.

Chaka chatha Elguja anakwanitsa zaka 70, nawaitana kuphwando.

"Azakhali, mupitadi?" ndinafunsa.

"Ndilekerenji, iwe? Zaka 44 ndikusita diresi imeneyi."

Nanenso ndinapita, poti mtedza wa paphwandopo unachokera kwa ine.

Masana amenewo panali alendo 120. Tamada, wotsogolera phwando, anali bambo wadazi wa mawu ngati bingu. Anatamanda dziko, makolo ndi akufa, kenako Elguja, "amene anatipatsa mayi wothyola tiyi uja." Nyanga yomweramo vinyo inayamba kuzungulira. Itafika pa a Tsisana, anaikankhira pambali, natulutsa botolo la biya m'chikwama.

Kwathu kuno munthu womulemekeza timamumwera vinyo. Biya timamwera mdani yekha. Mafoloko onse anakhala pansi.

"Mayi, mwasokoneza," anatero tamada. "Vinyo ndi uyu."

"Sindinakalambe choncho, bambo inu." Anatembenukira kwa mwini phwando. "Elguja, ukhalitse ndi moyo, kuti uzikumbuka. Tauza anthuwa, mayi wa mufilimu uja unam'tenga kuti?"

Elguja anaseka mouma. "Khala pansi, Tsisana. Ndinangomupeka."

"Unapeka mayi anga? Ndi chala chawo chodukacho, unapekanso?"

A Lamara, mkazi wa Elguja, anayang'ana mwamuna wawo. "Kodi ine simunandiuze kuti anali agogo anu?"

A Lamara anakhuthulira vinyo wawo m'mbale, natambasula dzanja ndi tambula yopanda kanthu.

"Achemwali, tanditsanulireniko."

Amayi awiriwo anamwa ali chilili, mpaka dontho lomaliza. Mtolankhani wina anawatsatira a Tsisana mpaka pakhomo, ndipo Lolemba nyuzipepala inalemba kuti nkhani ija ndi yawo.

Masiku ano ophunzira za mafilimu amachokera ku Tbilisi kudzawafunsa mafunso. Iwo samayankha munthu asanalawe tchizi. Ena amadutsiranso pa benchi yanga, moti ndikufuna kuwonjezera thebulo lachiwiri.